Mpunga ndi tambala mayeso ali pafupi

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa bambo wina amene wangoyamba kumene kuphunzitsa pa yunivesite ina ya boma. Mmodzi mwa ophunzira ake ndi mwana wa kumudzi kwawo, ndipo mayi a mwanayo anafika kunyumba atasenza thumba la mpunga wa Kilombero, tambala ali kukhwapa. "Sanapemphe kanthu," akutero, "anangoti mwana wanu uyu. Koma mayeso ayandikira. Kodi ndibweze, ndiwachititse manyazi?"

Achimwene, mwati sanapemphe kanthu? Anapempha. Pempho lonse lili m'mawu aja akuti "mwana wanu uyu". Akuluakulu anati kupatsa n'kuika, ndipo woika amabweranso kudzatenga. Sindikunena kuti mayiwo ndi akatangale ayi. Kumudzi sitipita kwa munthu chimanjamanja, iwo angochita zomwe anakula nazo. Vuto lili kwa inu amene mwagwira cholembera chofiira.

Pa mayeso akuluakulu mwina simungavutike kwenikweni, poti pepala limabwera ndi nambala osati dzina, ndipo malikisi amadutsanso m'manja mwa anzanu a m'dipatimenti ndi woyesa wochokera kunja. Koma nanga asaimenti? Nanga kafukufuku wa chaka chomaliza? Pamenepo dzina lili pachikuto penipeni. Tiyerekeze mwanayo wapeza 48 pomwe pakufunika 50. Mudzawerenganso yankho lake lachitatu kufunafuna malikisi awiri, zomwe simukanamuchitira mwana wa ku Nsanje amene makolo ake simunawaonepo. Mudzadziuza kuti mwangomuchongera mosamala, chonsecho ndi mpunga uja ukulankhula.

Ngakhale mutachonga mwachilungamo, nkhani siibisika. Ikangofika pa gulu la WhatsApp la kalasi kuti aphunzitsi anadya tambala, malikisi onse amene mwanayo wakhetsera thukuta adzatchedwa a tambala. Wopwetekeka kwambiri ndi iyeyo.

Musaiwalenso kuti ndinu wogwira ntchito m'bungwe la boma. Lamulo lothana ndi katangale la 1995, lomwe linakhazikitsa bungwe lolimbana ndi ziphuphu la ACB, silinena za ndalama zokha, chiphuphu chikhoza kukhala katundu. Sindikuganiza kuti a ACB angakugogodereni chifukwa cha tambala mmodzi, koma amene amadzalandira envelopu amayambira pa zoterezi.

Chochita n'chosavuta. Lemberani mkulu wa dipatimenti, mwachidule, kuti wophunzira uyu ndi wa kwanu ndipo mukupempha kuti ntchito zake azichonga wina. Lembani ndithu, zapakamwa zimaiwalika tsiku la mlandu. Ngati kafukufuku wake mumayang'anira ndinu, apatsidwe mphunzitsi wina.

Za mpunga, musatume mwana kukabweza, kumeneko ndiye kunyoza. Pitani nokha, mukhale pansi, muwauze kuti ntchito yanu siilola kulandira mphatso mwana akadali m'kalasi mwanu, ndipo kuti zikamveka wovutika ndi mwana wawo yemweyo. Mayi aliyense amamva pamenepo. Ngati tambalayo munadya kale (ndikukayika ngati anagona masiku awiri), muwapatse ndalama ya mtengo wake, mpunga ubwerere.

Mwanayo akafuna thandizo pa maphunziro abwere ku ofesi, nthawi yomwe anzake amabwera, chitseko chili chotsegula. Kunyumba adzabwere akamaliza digiri, ndipo tsiku limenelo mayi ake akabwera ndi mbuzi, landirani.