Kodi mlembi wa ndalama zochepa angapange filimu?

FUNSO: Akonzi, ndakhala ndikulemba nkhani zifupizifupi kwa zaka 7, koma mabuku anga sakuyenda malonda. Ndikufuna kusandutsa nkhani imodzi kukhala filimu ngakhale kuti m'thumba ndi mopepuka. Kodi ndisiye uphunzitsi kuti ndiikepo mtima wonse? — Mphunzitsi, Zomba

YANKHO: Aphunzitsi, ntchito musasiye, chifukwa malipiro a pa mweziwo ndi amene adzagulire chakudya ndi kulipira galimoto ya ochita sewero anu. Charles Shemu Joyah, amene mafilimu ake atchukitsa Malawi kunja, ndi katswiri woyeza malo, ndipo anayamba zojambula ali kale pa ntchito imeneyo.

Njira mukuilingalirayi anaipondapo kale Ousmane Sembène wa ku Senegal, yemwe anabadwa mu 1923 n'kumwalira mu 2007. Iye anayamba kulemba mabuku akugwira ntchito yonyamula katundu padoko la Marseille ku France, koma anaona kuti anthu ambiri a kwawo, amene ankawalembera, sankatha kuwerenga Chifalansa. Anapita kukaphunzira zojambula ku Moscow ali ndi zaka pafupifupi 40, ndipo mu 1963 anatulutsa Borom Sarret, filimu ya mphindi pafupifupi 20 yonena za tsiku limodzi la munthu woyendetsa ngolo mumzinda wa Dakar. Taonani kuchepa kwa zofunika zake: munthu, hatchi, ngolo ndi misewu imene inalipo kale. Mawu anachita kuwalowetsa pambuyo pojambula. Filimu yake ya mu 1966, La Noire de..., anaitenga m'nkhani yaifupi imene analemba yekha, monga mukufunira inumu.

Apa ndi pamene alembi ambiri amapunthwa. Papepala mungathe kulemba kuti basi yagwera mumtsinje anthu 60 akukuwa, osawononga ngakhale tambala, koma pa kamera chiganizo chomwecho chingamalize ndalama za filimu yonse. Sankhani nkhani ya anthu atatu kapena anayi, yochitikira m'malo awiri amene eni ake angakubwerekeni, makamaka masana kuti dzuwa likuunikireni ulere ndiponso kuti kuthima kwa magetsi kusakuimitseni. Komanso zimene munthu akuganiza mumtima, zomwe mumazifotokoza mwaluso m'buku, ziyenera tsopano kuoneka m'zochita zake. Ndinena mosabisa kuti alembi timakonda mawu athu mopitirira muyeso, ndipo kuwadula kumapweteka.

Pa ndalama zochepazo, yambani mwapatula za wojambula mawu ndi maikolofoni yabwino, pakuti owonera amapirira chithunzi cha pa foni koma amachoka msanga akamalephera kumva zimene zikuyankhulidwa. Mugwirizane molemba ndi aliyense za malipiro ake, ngakhale akhale msuweni wanu, ndipo musaikemo nyimbo ya woimba wina popanda chilolezo chake. Za umwini wa nkhani yanu mukafunse ku COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito za aluso m'Malawi muno, musanayambe kugawa sikiripiti (nkhaniyo italembedwa mwa filimu) kwa anthu.