Funsani Malume: Agogo akaona foni amasiya dongo

Malume, ndine mtsikana wa zaka 22, ndimakhala ku Ulongwe, m'boma la Angónia, ku Mozambique. Ndikujambula kanema pa foni wa agogo ena oumba mbiya cha ku Dómuè. Sindifuna kuikamo mawu ofotokozera, ndikufuna anthu angoona manja awo ali pa ntchito. Koma ndikangotulutsa foni, amasamba m'manja, n'kusintha chitenje, n'kuima njo ngati akujambulitsa chithunzi cha chitupa. Anzanga akuti kanema wopanda wofotokozera ndi wogwetsa ulesi. Ndingosiya?

Usasiye, mwanawe. Agogowo sakulakwa, akukulandira ngati mlendo, ndipo mlendo salandiridwa ndi manja a matope. Uyambe wasiya kukhala mlendo. Pita nawo kudambo kokakumba dongo, uwasenzere, usinje nawo, foni ili m'thumba. Patsiku lachinayi kapena lachisanu uikhazike pa mtondo n'kuisiya iziyenda. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

Ine zinandionekera ku Tsangano, ndikujambula bambo wina wosema ng'oma. Ndinawauza kuti abwereze kukhoma chikopa chifukwa dzuwa linali kumbuyo kwawo. Anabwereza mwaulemu, koma maso ali kwa ine, dzanja lauma gwa. Zonse ndinafufuta. Mawu oti “bwerezani” usawatchule ngakhale kamodzi.

Anzakowo ndikuwamvetsa. Kuno tinazolowera kanema wotiuza zoti tiganize kuyambira nthawi ya Kuxa Kanema, nkhani za mphindi khumi zija zimene boma linkayenda nazo pa galimoto m'midzi, mawu a muulutsi ali pamwamba. Komatu njira yakoyi si yachilendo m'dziko muno. Mu 1978 Jean Rouch, wojambula mafilimu wa ku France, anabwera ku Maputo kudzaphunzitsa achinyamata kujambula moyo wa tsiku ndi tsiku ndi timakamera ta Super 8. Filimu ya m'timakamerato inkatha pa mphindi zitatu ndi kanthu pang'ono. Foni yako imapirira ola lathunthu, ndiye changu n'chachani?

Chimene chingagwetse anthu ulesi ndi kusamveka kwa ntchitoyo. Dongo limalira likamakandidwa, chitsononkho chimakwecha pa mimba ya mtsuko, nkhulungo ili ndi kamvekedwe kake, ndipo agogo akaiwala za iwe adzayamba kung'ung'udza kanyimbo kapena kukalipira nkhuku. Wofotokozera wako ndi ameneyo. Bwereka foni yachiwiri, uiike pafupi ndi phale limene akuumbirapo kuti izitola mawu okha, uitchingire mphepo ya mwezi wa Julayi ija.

Tsiku lootcha usajombe. Mbiya ina ikaphulika pamoto usazimitse foni, ndipo usawafunse mmene akumvera, ungoona chimene achite ndi mapalewo.

Ukamaliza kulumikiza, asanauone a pa Facebook, kawaonetse eni ake pakhonde pawo, uwapemphenso chilolezo. Iwo ndiwo akakuuze pamene wadula msanga, mlomo wa mtsuko usanathe kupindidwa.