Meya kapena mfumu ya mzinda? Nanga frontier tiziti chani?

Funso la lero lachokera kwa aphunzitsi ena a ku Dedza. Akuti akulembera ana awo nkhani ya George Hoover wa ku Dodge City, Kansas, ku America, ndiye mawu atatu awaimitsa mutu: mayor, merchant ndi frontier.

Aphunzitsi, tiyambe ndi munthuyo kaye. Hoover anafika pamalopo mu 1872 ndi wisiki wake, nkukhoma kabala mamailosi 5 kuchokera pakampu ya asilikali ya Fort Dodge poti kufupi ndi kampuyo mowa sumaloledwa kugulitsa, chaka chomwecho njanji ya Santa Fe inafika, alenje osaka zikopa za njati anadzadzana, bizinesi nkuyaka moto, pofika 1876 anthu anamuvotera kukhala mayor.

Pawailesi timamva "mfumu ya mzinda wa Blantyre" ndipo sikulakwa ayi. Koma apa ine sindingalembe choncho. Mwana akamva kuti mfumu aganiza za ufumu wa kumtundu, mbumba kukhala pansi nkusankha wolowa dzina, pomwe uyu anali mkulu wogulitsa mowa amene anzake anamuponyera voti basi. Komanso mzinda wake uti, kanali katauni kafumbi ka nyumba za matabwa. Lembani meya, ambiri mameya, mwaulemu a meya.

Merchant ndi wamalonda, zatha. Venda ayi, venda amayala pansi.

Frontier ndiye mutu waukulu. Ambiri amathamangira "tauni ya m'malire", koma inu a ku Dedza malire mukuwadziwa, pali geti, pali a imigireshoni, tsidya linalo ndi Mozambique. Ku Dodge City kunalibe zimenezo, Kansas anali kale mbali ya America. Frontier kunali kumapeto kwa kumene azungu anali atafika pokhazikika, kutsogoloko kuli dziko la eni nthaka, a Kiowa, a Comanche ndi a Cheyenne. Liwu limodzi tilibe, musadzivute kulipeka, ingofotokozani: "katauni katsopano komwe azungu anali atangoyamba kumene kukhala". Chonde musati "kuchipululu kopanda anthu", anthu analiko, ndipo njati zomwe alenje ankapululazo ndi zimene iwo ankadalira.

Za njatizo, si zathu za ku Liwonde zija. Ndi zaubweya wambiri, zalinunda, ndiye koyamba lembani "njati za ku America", kenako njati chabe.