Mafunso Anu: Kukaona Akachisi ndi Amisiri a ku Bali pa Ulendo Waufupi

Ndikupita ku msonkhano wa kuntchito ku Nusa Dua, ndipo ndili ndi tsiku limodzi lokha lopuma. Oyendetsa alendo anditumizira ndondomeko yoti tikafike ku Batubulan, Celuk, Mas, Ubud, Tirta Empul, Tanah Lot ndi Uluwatu tsiku lomwelo. Kodi zitheka? *Bambo wa ku Lilongwe*

Bambo, papepala zitheka, koma pamsewu ayi. Batubulan, Celuk ndi Mas ndi midzi yondondozana m'njira yochokera ku Denpasar, likulu la chilumba cha Bali ku Indonesia, kulowera kumpoto ku Ubud, m'boma la Gianyar, ndipo kachisi wa Tirta Empul ali kutsogolo kwake, ku Tampaksiring. Mpaka apa zili bwino. Vuto lili pa akachisi awiri omalizawo. Tanah Lot ali kugombe la kumadzulo, Uluwatu ali kunsonga ya kummwera kwenikweni, ndipo konseku anthu amapitira kukaona dzuwa likulowa, lomwe limalowa kamodzi basi, kukangopitirira 6 koloko. Misewu ya kummwera kwa chilumbachi ndi yopapatiza komanso yodzaza njinga zamoto, moti mtunda wa makilomita pafupifupi 40 kuchoka ku Nusa Dua kukafika ku Ubud umadya ola limodzi ndi theka, mwinanso maola awiri.

Tanah Lot mchotseni. Uluwatu msungireni madzulo ena mukaweruka ku msonkhano, poti ali pafupi ndi Nusa Dua. Tsiku lopumalo nyamukani 7:30 m'mawa, mukaonere gule wa Barong ku Batubulan, amene amayamba cha m'ma 9:30 n'kutenga ola limodzi. Kenako sankhani mudzi umodzi wa amisiri, Celuk wa osula siliva kapena Mas wa osema ziboliboli, mudye nkhomaliro ku Ubud, masana mulowere ku Tirta Empul.

Musanalipire, funsani ngati mtengowo ukuphatikiza matikiti olowera ku akachisi ndi ku gule, ndiponso kuti muima m'masitolo angati. Madalaivala ambiri amalandira kangachepe pa chilichonse chimene mlendo wawo wagula, ndipo kangachepeko kamakhala kataikidwa kale pa mtengo wa katunduyo. Ndi m'mene malonda amayendera kumeneko, koma mukapanda kulankhula tsiku limathera m'masitolo. Nenani ulendo usanayambe kuti mukufuna kuona amisiri ali pa ntchito.

Yang'ananinso kalendala. Pa Nyepi, tsiku la chete limene kawirikawiri limagwa mu Malichi, palibe wotuluka panja kuyambira 6 koloko m'mawa mpaka 6 koloko m'mawa wotsatira, ndipo ngakhale bwalo la ndege la Ngurah Rai limatsekedwa. Komanso kuyambira pa 14 Febuluwale 2024 mlendo aliyense wochokera kunja amalipira msonkho wa 150,000 rupiah wolowera ku Bali.

Ndamva kuti m'kachisi salowa chilowelowe. Kodi chitenje changa chikwanira, kapena ndikagule zovala zawo? *Mayi wa ku Zomba*

Chikwanira, mayi, bola chifike mu akakolo. Chimene muonjezere ndi mpango wautali womanga m'chiuno pamwamba pa chitenjecho, umene eni ake amautcha selendang, ndi bulauzi yophimba mapewa. Abambo nawonso amavala nsalu ndi mpangowo, ngakhale avale thalauza. Akachisi akuluakulu amabwereketsa zonsezi pachipata, choncho ogulitsa a pamalo oimika magalimoto akamakuuzani kuti simulowa osagula nsalu yawo, pitirirani kaye mukaone kuchipata.

Kachisi wa ku Bali, amene amamutcha pura, ndi bwalo lopanda denga lozingidwa ndi mpanda, logawika patatu. Bwalo lakunja mumalowera pa chipata chokhala ngati nsanja yong'ambidwa pakati, candi bentar. Bwalo lapakati ndi mokonzera nsembe ndi moimbira gamelan, gulu la zoimbira zachitsulo ndi ng'oma. Lamkati, jeroan, ndiye lopatulika, ndipo m'menemo mumakhala nsanja za meru zofoleredwa ndi ulusi wakuda wa mtengo wa mgwalangwa, zokhala ndi madenga osanjikizana 3, 5, 7, 9 kapena 11. Malo ambiri mlendo amathera pabwalo lapakati. Ku Taman Ayun, ku Mengwi, kachisi wa mu 1634, mumayenda mozungulira mpanda waufupi n'kumaona nsanjazo bwinobwino osalowa.

Mayi amene ali kumwezi salowa, chimodzimodzi munthu wa bala lotuluka magazi ndi amene wangoferedwa kumene. Palibe amene adzakufufuzeni, nkhani yake ndi ya ulemu. Musadutse kutsogolo kwa anthu akupemphera, musakwere pakhoma kapena paguwa pofuna chithunzi chabwino, ndipo wansembe akakhala pansi, mutu wanu usakhale pamwamba pa wake muli pafupi naye. Yang'ananinso popondapo. Timabasiketi ting'onoting'ono ta masamba a kokonati, tokhala ndi maluwa ndi lubani, totchedwa canang sari, timaikidwa pansi m'makomo ndi m'njira m'mawa uliwonse. Ndi nsembe, ndiye mutilambalale, makamaka lubani akadali kufuka.

Mukapeza kachisi atakongoletsedwa ndi nsalu zoyera ndi zachikasu, amayi atasenza zipatso zosanjikizana pamutu, ndiye kuti mwafika pa odalan, chikondwerero cha kachisiyo, chimene kwa akachisi ambiri chimabwera masiku 210 aliwonse. Mwachita mwayi, ngakhale kuti mbali zina zikhala zotseka kwa alendo.

Ndine Mkhristu. Kodi ku Tirta Empul adzandikakamiza kusamba? *Wowerenga wa ku Mzuzu*

Ayi. Ambiri amangoonerera ali m'mbali mwa dziwe, n'kupita kukaona kasupe amene amatumphuka pa mchenga wakuda m'bwalo lamkati. Kachisiyu ndi wa m'chaka cha 962, ndipo ali m'gulu la malo a ulimi wothirira wa subak amene UNESCO inawalemba mu 2012. Kusambako, melukat, ndi mwambo wa Chihindu wodziyeretsa, osati kusewera m'madzi, choncho wina aliyense adzifunse yekha ngati zikugwirizana ndi chikhulupiriro chake.

Wofuna kulowa amabwereka nsalu ina ya m'madzi ndi kabati yotsekeramo katundu, amapereka canang sari, n'kuyamba pa mpopi wa kumanzere kumka kumanja, kusamba kumaso ndi kuika mutu pa madzi a mpopi uliwonse. Mipopi iwiri ndi ya madzi a mwambo wa maliro, ndipo imadumphidwa. Wokuperekezani akulozereni musanalowe. Madziwo ndi ozizira kwambiri, pansi pake ndi miyala yoterera, ndipo musawamwe. Nsalu yonyowa salowa nayo kubwalo lamkati, ndiye tengani zosinthira. Ngati mawondo ali bwino, Gunung Kawi ali pafupi pomwepo: nsanja khumi zosemedwa m'thanthwe m'zaka za m'ma 1000, koma kutsikirako ndi masitepe pafupifupi 300, ndipo pobwerera ndi chitunda.

Ndimagulitsa nsalu ku Limbe. Ndingadziwe bwanji batik yeniyeni? *Mayi wa bizinesi, Blantyre*

Mayi, inu ndiye muli kale pakhomo pa nkhaniyi, chifukwa zitenje za phula zimene mumagulitsa zinachokera ku batik ya ku Java, chilumba choyandikana ndi Bali. Mafakitale a ku Netherlands anayamba kuitsanzira ndi makina m'zaka za m'ma 1800, nsaluzo n'kupeza msika ku West Africa, kenako kufalikira mpaka kuno.

Pali mitundu itatu, ndipo mitengo yake imasiyana kutali. Batik tulis ndi yolembedwa ndi manja. Mmisiri amatunga phula lotentha ndi canting, kachikho ka mkuwa kokhala ndi kamlomo kowonda ndi chogwirira cha nsungwi, n'kumalemba pa nsalu ya thonje kapena silika. Pamene pagwa phula utoto sulowa. Amaviika mu utoto, kuphimbanso ndi phula mbali zofunika kusunga mtundu umenewo, kuviikanso, kuyambira mtundu wowala kumka ku wakuda, ndipo pomaliza amawiritsa nsaluyo kuti phula lichoke. Nsalu imodzi imatenga masabata, ina miyezi. Phula likatentha kwambiri limayenderera n'kufufutitsa mzere, likazizira sililowa mu ulusi ndipo utoto umadutsa pansi pake. Batik cap amadinda phulalo ndi chidindo cha mkuwa, motero imafulumira ndipo ndi yotsikirapo mtengo. Yachitatu ndi yosindikiza pa makina, yopanda phula m'pang'ono pomwe, ndipo ndiyo yadzaza m'misika.

Tembenuzani nsaluyo. Ya tulis ndi ya cap mtundu umaoneka mofanana mbali zonse ziwiri, pomwe yosindikiza kumbuyo kwake kumakhala kotuwa. Kenako yerekezani maluwa awiri ofanana: pa tulis sangafanane ndendende, timadontho timasiyana kukula, pomwe pa cap chithunzi chimabwerezabwereza ndipo mukayang'anitsitsa mumaona polumikizira chidindo. Malo oonetsera ntchitoyi ali ku Tohpati, potuluka mu Denpasar. Pochapa, madzi ozizira, sopo wofewa, osafinya mwamphamvu, n'kuyanika pamthunzi.

Koma dziwani kuti kwawo kwa batik ndi ku Java. Nsalu za eni Bali ndi zoluka: endek, imene ulusi wake amaumanga ndi kuunyika mu utoto asanaluke, n'chifukwa chake m'mphepete mwa maluwa ake mumaoneka ngati mwafufutika pang'ono, ndi songket ya ulusi wa golide kapena siliva. Yosowa kwambiri ndi geringsing ya ku Tenganan, m'boma la Karangasem, imene amanyika ulusi woimirira ndi wopingasa womwe, ndipo imatenga zaka chifukwa mtundu wofiira wa mizu ya mengkudu umagwira pang'onopang'ono. Wina akakuonetsani geringsing ya mtengo wa tisheti, imeneyo si geringsing.

Mnzanga anagula chiboliboli ku Bali, chitafika kuno chinang'aluka. Chinalakwika n'chiyani? Nanga siliva wa ku Celuk ndi wodalirika? *Wowerenga wa ku Lusaka*

Achimwene, mtengowo unali usanaume. Bali ndi wa chinyontho chaka chonse, ndipo mtengo wosemedwa uli wauwisi ukakumana ndi mpweya wouma wa Okutobala, kunja kumauma msanga kusiya mkati, ndiye umang'aluka motsatira msempha. Sankhani chaching'ono, chifukwa chachikulu ndicho chimang'aluka kwambiri. Funsani kuti mtengowo unaumitsidwa nthawi yotalika bwanji, ndipo yang'anani kunsi kwake kosapakidwa kanthu: pamenepo ndi pamene pamaoneka mtundu weniweni, poti mtengo wamba amaudetsa ndi polishi wa nsapato monga amachitira ena ofuna kunamiza anthu kuti ndi phingo. Timabowo ndi kaufa ndiye kuti wayamba kufumbwa. Ukakhala woti ndi cendana, mtengo wonunkhira wa sandalwood, koma wotchipa, kawirikawiri ndi mtengo wina wopakidwa mafuta ake. Mukafika nacho kunyumba chipakeni phula ndipo musachiike padzuwa.

Siliva wabwino amadindidwa 925, kutanthauza magawo 925 pa 1,000, otsalawo nthawi zambiri ndi mkuwa. Chidindo chokha si umboni. Maginito amangogwira za chitsulo, mkuwa wokutidwa siliva sangauulule, choncho yang'anani mkati mwa mphete ndi pa ngowe ya mkanda ngati pakuoneka chikasu kapena kufiira. Luso la Celuk lili pa jawan, timibulu ta siliva tomatidwa kamodzikamodzi. Yendetsani chala muone ngati tagwira. Mumsika kunenerera mtengo n'kololedwa, koma polembedwa harga pas mtengo susintha. Za chigoba cha kamba wa m'nyanja ndi matanthwe a korali zisiyeni, malamulo a CITES, pangano la mayiko loteteza zachilengedwe zomwe zikusowa, angakulanditseni pa kasitomu.

Barong kapena Kecak, ndionere uti? *Mtsikana wa ku Johannesburg*

Ngati mukufuna kumva gamelan ndi kuona zigoba, Barong: chilombo chovinidwa ndi amuna awiri chimalimbana ndi mfiti Rangda, ndipo palibe wopambana. Kecak alibe choimbira chilichonse, ndi amuna ambirimbiri okhala mozungulira moto akufuula "cak" molandizana, kusewera nkhani yakale ya Chihindu ya Ramayana. Anaukonza m'zaka za m'ma 1930 Wayan Limbak ndi Walter Spies kuchokera ku gule wa mizimu wotchedwa sanghyang. Ku Uluwatu umayamba cha m'ma 6 koloko madzulo, pamwamba pa phompho la mamita pafupifupi 70, ndipo mipando imadzaza msanga, ndiye fikani isanakwane 5 koloko.

Apusi a kumeneko amatsomphola magalasi, ndolo ndi mafoni, ndipo amabweza pokhapokha alonda akawapatsa chakudya. Ikani zonse m'chikwama chotseka musanalowe pachipata. Akakulumani kapena kukukandani, tsukani balalo ndi sopo ndi madzi oyenda kwa mphindi 15, n'kupita kuchipatala tsiku lomwelo, chifukwa ku Bali kuli chiwewe chiyambire 2008.