Kodi ilipodi nyenyezi yogunda ngati mtima?

FUNSO: Mwana wanga wamkazi wa zaka 11 wapeka nthano ya nyenyezi imene akuitcha Mtima wa Thambo. Akuti imagunda ngati mtima wa munthu, ndipo ikafooka anthu a m'nthanomo amadziwa kuti mfumu yawo yadwala. Wandifunsa ngati nyenyezi yotere ingakhalepodi. Ndinamuuza kuti nyenyezi zonse zimaphethira, koma sanakhutire. Ndimuyankhe bwanji?
Mayi wa ana atatu

YANKHO: Mayi, mwanayo wachita bwino kusakhutira. Kuphethira mukunenako sikuchokera ku nyenyezi. Mpweya wozungulira dziko lathu lino ndi umene umagwedeza kuwala kukamadutsa. Koma zilipo nyenyezi zina zimene zimafufumadi n'kuphwanso, ndipo kuwala kwake kumakwera ndi kutsika mosaphonya nthawi.

Ine imene imanditenga mtima ndi Mira. Mu 1596 m'busa wina wa mpingo, David Fabricius, anaiona ikuwala, patapita miyezi yochepa inazimiririka. Iye anayesa kuti yapita basi, koma mu 1609 anaionanso pamalo omwe aja. Mu 1662 Johannes Hevelius anaipatsa dzina lakuti Mira, lomwe pa Chilatini likutanthauza "yodabwitsa". Imagunda kamodzi pa masiku pafupifupi 332. Ikafika pachimake mumaiona ndi maso, ikatsikiratu simungaione popanda telesikopu. Ndi nyenyezi yokalamba, yofiirira, yotakata kuposa dzuwa maulendo oposa 300.

Imagunda bwanji? Akatswiri amafotokoza bwino za mtundu wina wa nyenyezi zogunda wotchedwa Cepheid. M'kati mwa nyenyezi zimenezi muli chigawo cha mpweya wa helium chimene chikatentha kwambiri chimatsekereza kutentha, ngati chivundikiro pa mphika wobwadamuka. Kutenthako kumachikankha, nyenyezi n'kufufuma. Ikafufuma chigawo chija chimazizira, kutentha kumapeza potulukira, nyenyezi n'kuphwa, zonse n'kuyambiranso.

Mbali ya nthano musamuletse, chifukwa thambo ladzaza nthano kuyambira kale. Mira ili m'gulu la nyenyezi lotchedwa Cetus, chilombo cha m'nyanja cha m'nthano za Agiriki. Chilombocho chinatumidwa kukadya Andromeda, mwana wa mfumu Cepheus, chifukwa mayi ake Cassiopeia anadzitama ndi kukongola. Perseus ndiye anamupulumutsa. Onsewa mayina awo ali pa magulu a nyenyezi mpaka lero.

Tsono chimene chimandikondweretsa n'chakuti banja la m'nthanoli linadzakumananso mu sayansi. M'gulu la Cepheus ndi mmene John Goodricke, mnyamata wosamva wa ku England, anapeza mu 1784 kuti nyenyezi ya Delta Cephei imasintha kuwala pa masiku asanu ndi maola ochepa. Dzina la Cepheid linachokera pamenepo. Mu 1912 Henrietta Leavitt wa ku yunivesite ya Harvard ku America, atayeza nyenyezi 25 za mtundu umenewu, anaonetsa kuti imene imatenga masiku ambiri pogunda ndiyo imawala kwambiri. Choncho ukawerenga masiku ake umadziwa mphamvu yake yeniyeni, ndipo ukayerekeza ndi mmene ikuonekera kuno, umadziwa mtunda wokafika kumene ili. Mu 1923 Edwin Hubble anapeza Cepheid m'kamtambo kowala ka m'gulu la Andromeda, ndipo zinadziwika kuti kamtamboko ndi mlalang'amba wina, wakutali kunja kwa wathuwu. Mwana wanu amve dzina la mayi Leavitt, chifukwa popanda ntchito yake Hubble sakanayeza mtunda umenewo.

Ngati akufuna yothamanga ngati mtima weniweni, mu 1967 Jocelyn Bell anapeza nyenyezi yotumiza mafunde a wailesi pa sekondi imodzi ndi pang'ono. Komatu imeneyo siifufuma, imangozungulira mofulumira.

Langizo langa ndi ili: nthanoyo asaisinthe, koma mumugulire kope. Mira imaoneka pafupifupi kulikonse padziko lapansi, ndipo pulogalamu ya mapu a nyenyezi ya pa foni ingakuonetseni pamene ili. Sabata iliyonse aziiyerekeza ndi nyenyezi zoyandikana nayo, n'kulemba tsiku ndi mmene ikuwalira. Usiku umene adzaisowe alembenso tsikulo, ndipo inu mudzamuperekeze panja miyezi yotsatirayo mpaka idzatulukirenso.