Kapinga wanga wafiira mu Julaye, ndithire feteleza?

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa mayi wina wa ku Area 25 ku Lilongwe. Akuti kapinga amene anabzala pabwalo pawo zaka ziwiri zapitazo wafiira, ndipo mnyamata amene amawasamalira pabwalopo akuwauza kuti agule yureya amwaze kuti abiriwirenso. Funso lawo ndi lakuti athire tsopano, mu Julaye muno, kapena adikire? Nanga pachaka amathira kangati?

Mayi, dikirani. Yureyayo musagule panopa.

Kapinga wanuyo sakudwala ndiponso si njala imene yamufiiritsa. Wangogona. Udzu umene timabzala m'mabwalo kuno, kaya ndi kapinga wamasamba ang'onoang'ono uja kaya kikuyu, umakonda kutentha ndi chinyezi. Kukazizira mu Juni ndi Julaye, nthaka n'kuuma, umasiya kukula. Masamba amafota koma mizu imakhala yamoyo, kudikira mvula. Tsono udzu umene sukukula sudya. Yureya ali ndi nayitrogeni wochuluka, magawo 46 pa 100 alionse, ndipo akakhala pamwamba pa nthaka osasungunuka n'kulowa pansi, gawo lina limauluka ngati mpweya. Pamene wagwera wambiri amawotcha udzuwo. Mudzataya ndalama, bwalo n'kutsala zigambazigamba.

Nthawi yothira ndi pamene udzu wadzuka wokha. Ganizirani mmene timachitira ndi chimanga: sitithira feteleza m'munda wouma, timadikira mvula yobzalira, kenako wokulitsa, pambuyo pake wobereketsa. Kapinganso n'chimodzimodzi.

Chizimalupsa chikagwa mu Okutobala musathamange. Mvula imeneyo imanyenga, imatha kudula milungu itatu dzuwa likuswa mtengo. Dikirani mpaka kumapeto kwa Novembala kapena mu Disembala, mvula itakhazikika, bwalo litayamba kubiriwira, ndipo mwatchetcha kamodzi. Apo ndiye thirani NPK yemwe uja wa chimanga, wa 23:10:5. Muyeso wake ndi wochepa kuposa mmene anthu amaganizira: makilogalamu 2 amakwana malo a mamita 10 m'litali ndi 10 m'lifupi. Thumba la makilogalamu 50 la chiyani pabwalo la nyumba? Gulani woyeza pa sikelo.

Pakatha milungu isanu ndi umodzi kapena isanu ndi itatu, chakumapeto kwa Januwale kapena mu Febuluwale, thirani kachiwiri. Apa ndi pamene yureya uja amagwira ntchito, kilogalamu imodzi yokha pa malo omwewo. Ngati mwapeza CAN, ine ndimakonda ameneyo chifukwa sauluka msanga ngati yureya. Iye thirani makilogalamu 2 popeza mphamvu yake ndi yocheperapo. Mungopewa masiku a ng'amba komanso tsiku loti kumwamba kwada bii, chifukwa mvula yamphamvu imakokolola zonse kukatayira mu ngalande. Kawiri kameneka n'kokwanira pabwalo la panyumba. Amene akufuna kachitatu athire pang'ono mu Malichi mvula isanathe, basi. Kuyambira Epulo mpaka mvula itakhazikikanso, feteleza akhale m'nyumba.

Kathiridwe kakenso ndi nkhani yaikulu, ndipo pano ndikulankhula zimene zinandichitikira. Chaka china ndinamwaza yureya m'mamawa, mame adakali mbuu paudzu, ndikuponya ndi dzanja mmene timaponyera nkhuku chimanga. Timibulu tija tinamatirira pamasamba onyowa, ndipo patatha masiku atatu bwalo linali ndi mizere yopsa imene inatenga mwezi kuti ichire. Zinandipweteka kwambiri chifukwa udzuwo ndinabzala ndekha, mzere ndi mzere. Kuyambira pamenepo ndimathira masamba atauma koma nthaka ili yonyowa, kawirikawiri chakumadzulo. Fetelezayo ndimamugawa pawiri, theka loyamba ndimamwaza ndikuyenda chotsika, theka lachiwiri chopingasa, kuti pasakhale podya kawiri ndi posala. Ndikamaliza ndimathirira bwinobwino, osadalira kuti mwina usiku igwa.

Pali njira ina imene ndimaikonda kuposa zonsezi, ndiyo manyowa. Chakumapeto kwa Seputembala kapena mu Okutobala, kutayamba kutentha, palani udzu wakufa ndi reki, kenako yalani manyowa owolerana bwino osakaniza ndi dothi lapamwamba, mopyapyala moti nsonga za udzu zizionekabe. Ku Lilongwe ambiri amayala zinyenyeswa za fodya, ndipo zimathandiza ndithu, kungoti fungo lake limavuta masiku oyamba. Zitosi za nkhuku zaziwisi ayi, zimawotcha ngati yureya yemwe. Manyowa a ng'ombe osawola amabwera ndi mbewu za udzu wakutchire, mudzatopa n'kuzula. Ubwino wa manyowa ndi wakuti amasintha nthaka yeniyeniyo: dothi lofiira lolimba lija limafewa, limasunga madzi, ndipo chaka chamawa kapinga amachedwa kufiira. Ndipo mukamatchetcha pafupipafupi, timasamba tating'ono todulidwato musamasese tonse, timawola n'kubwezera chakudya m'nthaka.

Amene mumawerenga muli ku Britain, kalendala iyi si yanu. Udzu wa kumeneko ndi wina, wokonda kuzizira, ndipo umathiridwa cha mu Epulo kenako mu Seputembala.

Tsono mayi, panopa mu Julaye chitani izi. Uzani mnyamatayo asatchetche mogwetsa pansi, udzu ukhale wautaliko kuti uphimbe nthaka. Ngati bilu ya madzi ikulolani, thirirani kamodzi pasabata mpaka madzi alowe pansi, m'malo mowaza pang'onopang'ono tsiku lililonse. Yang'anirani chiswe, chifukwa nyengo ino chimakonda udzu wouma. Ndalama ya yureya ija gulirani manyowa, muwaunjike pamthunzi kuseri kwa nyumba, muziwanyowetsa ndi kuwatembenuza, kuti pofika Seputembala akhale atawolerana.