Kodi lamulo la vakabu linathadi? Yankho kwa mayi amene mlongo wawo anagona m'chitokosi

Sabata yatha ndinalandira kalata ya pa imelo kuchokera kwa mayi wina wa mumzinda wa Lilongwe, ndipo anandilola kuti ndiwayankhe poyera popanda kutchula dzina lawo. Mlongo wawo amagwira ntchito pamalo ophikira buledi, choncho amanyamuka pakhomo cha m'ma 3 koloko m'bandakucha kuti akafike ku ntchito mtanda usanalowe mu uvuni. Tsiku lina anakumana ndi galimoto ya apolisi oyendera, anamukweza pamodzi ndi anthu ena amene anapezeka m'njira, ndipo anagona m'chitokosi masiku awiri atauzidwa kuti wagwidwa vakabu. Anatuluka achibale atapereka ndalama zimene sanalandirepo lisiti. Funso la mayiwa linali lakuti: "Ndinamva pa wailesi kuti vakabu inatha. Nanga inatha bwanji pamene anthu akugwidwabe? Kodi kuyenda usiku ndi mlandu?"

Mayi, pepani chifukwa cha zimene zinagwera mlongo wanu. Ndiyambe ndi funso lachiwirilo chifukwa yankho lake ndi lalifupi: kuyenda usiku si mlandu m'Malawi, ndipo palibe ola limene malamulo anaika kuti likakwana munthu asapezeke pamsewu. Zimene munamva pa wailesi ndi zoona, koma n'zofunika kudziwa chimene chinathetsedwa kwenikweni, chifukwa ndi pa kusadziwa kumeneku pamene anthu ambiri amapusitsidwira.

Mawu oti vakabu anachokera ku dzina la Chingerezi loti "rogue and vagabond", la mlandu umene unalembedwa mu gawo 184 la buku la milandu ndi zilango, buku limene linayamba kugwira ntchito m'chaka cha 1930 dziko lino likadali Nyasaland. Atsamunda sanachite kuupeka kuno mlanduwu. Anautenga ku lamulo la ku England la mu 1824 lokhudza anthu oyendayenda, limene linapangidwa pa nthawi imene misewu ya kumeneko inadzaza ndi asilikali otsitsidwa ku nkhondo ndi anthu osowa pokhala. Ku Africa kuno lamuloli linapeza ntchito ina, yothandiza boma lachitsamunda kulamulira kayendedwe ka anthu akuda m'matauni ndi kuwakankhira ku ntchito. Titalandira ufulu mu 1964 tinalisunga monga linalili, ndipo linapulumukanso pamene tinalemba malamulo atsopano oyendetsera dziko mu 1994.

Ndime imene apolisi ankaidalira kwambiri inali 184(1)(c). Inkanena kuti munthu aliyense wopezeka pafupi ndi nyumba, pamsewu kapena pamalo aliwonse opezekapo anthu, pa nthawi ndi m'njira yochititsa wina kuganiza kuti ali pamenepo ndi cholinga choipa, ndi wolakwa. Taonani bwino, mayi, kuti m'mawu amenewa mulibe chimene munthuyo wachita. Mulibe kuba, kuthyola nyumba kapena kumenya munthu. Mlandu wonse unali m'maganizo a wapolisi amene wakumana nanu, ndipo chilango chake chinkafika miyezi 6 ya ukaidi kwa wolakwa koyamba ndi miyezi 18 kwa wobwereza. Popeza wapolisi saimitsa galimoto yodula kuti afunse mwini wake chimene akuyendera usiku, amene ankagwidwa anali oyenda pansi: alonda ochokera ku ntchito, mavenda olawirira kukapikula katundu, akabaza, amayi oyendayenda ndi ana a m'misewu.

Amene anagwetsa ndimeyi anali venda wa majumbo wa ku Blantyre, a Mayeso Gwanda. M'mwezi wa Malichi 2015 anagwidwa cha m'ma 4 koloko m'mawa akupita ku Limbe kukagulitsa malonda awo, ndipo anasungidwa masiku atatu asanaonekere ku khoti. M'malo movomera mlandu kuti zithe msanga, monga ambiri ankachitira, iwo anaukana, ndipo mothandizidwa ndi mabungwe omenyera ufulu wa anthu a CHREAA ndi Southern Africa Litigation Centre anapempha kuti lamulolo liunikidwe ngati likugwirizana ndi malamulo oyendetsera dziko. Pa 10 Januwale 2017 oweruza atatu a Khoti Lalikulu ku Blantyre anagamula kuti ndime 184(1)(c) ikuphwanya ulemu wa munthu, ufulu wake woyenda, ufulu wosamangidwa popanda chifukwa ndiponso ufulu wosasalidwa, choncho ndi yopanda mphamvu. Kuyambira tsiku limenelo palibe munthu amene angaimbidwe mlandu pa ndime imeneyo, ndipo izi ndi zimene wailesi inkatanthauza.

Koma chigamulocho chinakhudza ndime imodzi yokha. Sichinakhudze ndime zina za gawo 184, kapena gawo 180 lonena za anthu osokoneza m'malo opezekamo anthu, kapena gawo 181 lonena za khalidwe limene lingasokoneze mtendere. Zimene zinachitika pambuyo pake n'zakuti chizolowezi chosesa anthu usiku chinapitirira, kungoti pa pepala la mlandu anayamba kulembapo nambala zina. Mu 2018 apolisi anachita chipikisheni ku Kasungu ndipo anatola anthu m'malo omwera mowa, ena mwa iwo ali pa ntchito zawo, n'kuwaimba mlandu pa ndime 184(1)(b), yonena za munthu wokayikitsa amene alibe njira yooneka yopezera chakudya ndipo akulephera kufotokoza bwino za iye mwini. Ena mwa ogwidwawo anakadandaula, ndipo mu 2022 Khoti Lalikulu ku Zomba, kudzera mwa woweruza Zione Ntaba, linagamula kuti mchitidwe wosesa anthu mwachisawawa ndi wosemphana ndi malamulo. Khotilo linalamula apolisi kuti akonze ndondomeko yomveka ya kamangidwe ka anthu, ndiponso linapatsa boma miyezi 24 kuti liunikenso gawo 184 lonse. Chigamulo chachiwirichi ndi chimene chikukhudza kwambiri nkhani ya mlongo wanu, chifukwa chimene chinamuchitikira ndi kusesedwa: sanamangidwe chifukwa cha chinthu chimene iye anachita, koma chifukwa anapezeka pamsewu pamene galimoto inkadutsa.

Nkhaniyi si ya Malawi yokha ayi. Pa 4 Disembala 2020 khoti la Africa loona za ufulu wa anthu, limene lili ku Arusha m'dziko la Tanzania, linapereka maganizo ake akuti malamulo a mtundu umenewu akutsutsana ndi pangano la Africa la ufulu wa anthu, ndipo mayiko ayenera kuwasintha kapena kuwachotsa. Ngakhale ku Britain kumene anachokera, gawo lolola kumanga munthu pongomukayikira linachotsedwa mu 1981, chaka cha zipolowe za ku Brixton, kumene achinyamata akuda ankadandaula kuti ndi iwo amene ankavutitsidwa nalo.

Tsono kodi apolisi alibenso mphamvu yoimitsa munthu usiku? Ali nayo, ndipo sindikufuna kuti mlongo wanu akakangane ndi wapolisi pamsewu mdima uli bii poganiza kuti lamulo lamuteteza ku chilichonse. Wapolisi angathe kukufunsani kumene mukupita, ndipo angathe kumanga munthu popanda chikalata cha khoti ngati ali ndi chifukwa chomveka chomuganizira kuti wapalamula mlandu wodziwika kapena ali pafupi kuupalamula. Munthu wopezeka kuseri kwa sitolo 2 koloko usiku atanyamula chitsulo chothyolera maloko ali ndi zoti ayankhe. Kusiyana kwake n'kwakuti chifukwacho chiyenera kukhudza munthu ameneyo payekha ndiponso mlandu umene ungatchulidwe dzina. Ola la usiku, zovala zakutha kapena kusowa chiphaso cha unzika m'thumba si zifukwa zomangira munthu.

Munthu akamangidwa, gawo 42 la malamulo oyendetsera dziko limayamba kugwira ntchito nthawi yomweyo. Ayenera kuuzidwa chifukwa chimene wamangidwira m'chilankhulo chimene amamva, ali ndi ufulu wokhala chete, ali ndi ufulu wolankhula ndi loya ndiponso achibale, ndipo ayenera kutengeredwa ku khoti pasanathe maola 48, apo ayi amasulidwe. Pali mpata umodzi umene muyenera kuudziwa: ngati maola 48 athera pa tsiku limene makhoti sagwira ntchito, munthuyo amakaonekera tsiku loyamba limene khoti latsegula. N'chifukwa chake wogwidwa Lachisanu amagona mpaka Lolemba, ndipo mantha a masiku amenewa ndi amene amachititsa achibale kuyamba kufunafuna ndalama.

Pa ndalamazo ndinene mosabisa. Belo ya kupolisi ndi yaulere. Chimene chimafunika ndi munthu wodziwika bwino womuimira, wolonjeza kuti womangidwayo adzabwera tsiku limene waitanidwa. Chindapusa amagamula ndi khoti, osati wapolisi wa pa kauntala, ndipo ndalama iliyonse yolowa m'thumba la boma imakhala ndi lisiti. Ngati munapereka ndalama popanda lisiti ndipo mlongo wanu sanaonekere kwa majisitireti, ndalamazo sizinali belo kapena chindapusa, zinali ziphuphu zimene munakakamizidwa kupereka. Sindikukuweruzani pa zimenezi, chifukwa aliyense amene anaonapo m'bale wake kuseri kwa zitsulo amadziwa mmene mtima umathamangira. Ndikungofuna kuti mudziwe dzina lenileni la chimene chinachitika, popeza dandaulo lanu lidzayambira pamenepo.

Pali chinthu china chimene chimandidetsa nkhawa kuposa ndalama, ndicho kuvomera mlandu. Anthu ambiri ogwidwa pa chipikisheni amalangizidwa kuti akafika ku khoti angovomera, alipire chindapusa chochepa, azipita kwawo, chifukwa akakana akagona ku rimandi. Kwa munthu amene wagona pansi masiku awiri ndipo akuopa kuchotsedwa ntchito, malangizo amenewa amamveka anzeru. Koma wovomera mlandu ndi wopezeka wolakwa, ndipo dzina lake limalowa m'kaundula wa opalamula. Tsiku limene adzafune kalata ya kupolisi yotsimikiza kuti alibe mlandu, kaya pofunsira ntchito yaulonda kapena pokonza ulendo wakunja, nkhani ya usiku umodziwo ingathe kumutsekera khomo. Kuwonjezera apo, wosauka amene walephera kulipira chindapusacho amakalowa kundende, m'ndende zomwe zija zimene Khoti Lalikulu linanena kale mu 2009, pa mlandu umene mkaidi wina, a Gable Masangano, anasumira boma, kuti n'zothithikana mopitirira muyezo woyenera munthu. Kukana mlandu sikutanthauza kuti munthu apita ku rimandi basi, pakuti gawo 42 lomweli limati womangidwa amasulidwe, pa belo kapena popanda belo, pokhapokha ngati chilungamo chikufuna kuti asungidwe, ndipo ndi boma limene liyenera kusonyeza chifukwa chomusungira.

Ndikudziwa kuti ena mwa owerenga anena kuti umbava wachuluka ndipo chipikisheni chimathandiza kuti anthu agone tulo. Mantha awo ndi enieni, ndipo inenso ndimafuna apolisi aziyendera m'makwalala usiku. Koma galimoto imene yadzaza ndi ophika buledi ndi alonda imabwerera kupolisi nthawi isanathe, apolisi n'kutanganidwa ndi kulemba mayina a anthu osalakwa, pamene wakuba weniweni, amene amadziwa kubisala akaona nyali za galimoto, akupitiriza ntchito yake. Choipa china n'chakuti mnyamata amene anagonekedwa m'chitokosi popanda chifukwa sadzathamangiranso kupolisi kukanena zimene waona, chonsecho anthu oyenda m'bandakucha ndi amene amaona zambiri.

Zimene mungachite tsopano ndi izi. Khalani pansi ndi mlongo wanu mulembe zonse akadakumbukira: tsiku, nthawi, malo, polisi imene anasungidwa, mawu amene anauzidwa, kuchuluka kwa ndalama ndi amene anazilandira, komanso mayina a anzake amene anagwidwa nawo ngati angavomere kuchitira umboni. Mufufuze ngati anasainitsidwa pepala lililonse, ndipo ngati analembedwa mlandu mufunse nambala ya gawo limene analembapo, chifukwa mawu oti vakabu paokha si mlandu umene khoti lingaulandire. Dandaulo mungakalipereke kwa mkulu wa polisiyo, koma ngati mukuopa kubwerera komweko, lilipo bungwe loima palokha lolandira madandaulo okhudza apolisi, la Independent Complaints Commission, limene linakhazikitsidwa potsatira lamulo la apolisi la 2010. Bungwe la Malawi Human Rights Commission limalandiranso nkhani zotere, ndipo za ndalamazo mungakanene ku Anti-Corruption Bureau. Ngati mukufuna kusumira boma kuti lipereke chipukuta misozi chifukwa chomanga munthu popanda chifukwa, pitani ku Legal Aid Bureau, kumene amathandiza anthu amene sangakwanitse kulipira loya, ndipo musachedwe chifukwa milandu yosumira boma ili ndi nthawi yake.

Munafunsanso kumapeto kwa kalata yanu ngati mlongo wanu asiye ntchitoyo. Ine ndikuti asasiye. Apemphe abwana ake amulembere kalata yaifupi yokhala ndi chidindo, yonena dzina lake, malo a ntchito, nthawi imene amayamba ndi nambala ya foni ya woyang'anira, ndipo aziyenda nayo pamodzi ndi chiphaso chake. Lamulo silimufunsa kalata imeneyi, ndipo zimandiwawa kulangiza nzika ya dziko laufulu kuti iziyenda ndi pepala lofotokoza chifukwa chimene ili pamsewu, monga zinkakhalira m'nthawi ya atsamunda. Koma ndikufuna kuti azifika ku ntchito. Akadzaimitsidwanso ayankhe mwaulemu, aonetse kalatayo, ndipo ngati amukwezabe m'galimoto afunse modekha kuti akumangidwa pa mlandu wanji, apemphe kuti akuimbireni foni, asasaine pepala limene sanaliwerenge, ndipo inu mukapite ndi munthu womuimira pa belo, osati ndi ndalama.